Nyumba yachifumu ya Diocletian mumzinda wa Split: mafunso ndi mayankho

Awa ndi mafunso amene anthu amafunsa kawirikawiri za nyumba imene Diocletian, mfumu ya Aroma, anadzimangira m'mbali mwa nyanja ya Adriatic, m'dziko limene lero ndi Croatia. Nyumbayi yatha zaka zoposa 1,700 ili chiimire chifukwa anthu wamba analowamo n'kumakhalamo, ndipo simungaimvetse mukaipatula kwa mzinda umene unamera mkati mwake.

Kodi nyumbayi ili kuti, ndipo ndikafika ndidzaona chiyani?

Ili pakati penipeni pa Split, mzinda wachiwiri kukula mu Croatia, wa anthu pafupifupi 160,000, m'chigawo cha Dalmatia. Kuchokera padoko, pa depoti ya mabasi kapena pa siteshoni ya sitima yapamtunda, mumayenda wapansi mphindi khumi zokha.

Alendo ambiri amafika akuyembekezera mabwinja otchingidwa ndi mpanda, okhala ndi khomo limodzi logulirapo tikiti. Sizili choncho ayi. Mukalowa pa chimodzi mwa zipata zinayi mumapezeka m'tinjira topanikizika momwe muli nyumba zogona anthu, masitolo, malo odyera, matchalitchi, ndi zovala zoyanika pa zingwe pamwamba pa mitu yanu. Si zachilendo kumva mlendo akufunsa njira yopita kunyumba yachifumu ali mkati mwake kale. Pamene UNESCO inkaika malowa pa mndandanda wa chuma cha dziko lonse mu 1979, inaikapo nyumbayi pamodzi ndi mzinda wakale wonse.

Diocletian anali ndani, ndipo anamangiranji kuno?

Anabadwira m'banja wamba kufupi ndi Salona, likulu la Dalmatia, m'zaka za m'ma 240. Anakwera maudindo m'gulu la nkhondo, ndipo asilikali ndi amene anamulonga ufumu mu 284, dziko litatha zaka pafupifupi 50 lili pa chipwirikiti, mafumu akungophedwa motsatizana. Ataona kuti munthu mmodzi sangateteze malire onse, anagawana ulamuliro ndi Maximian, kenako mu 293 anawonjezera mafumu aang'ono awiri, Galerius ndi Constantius. Aliyense ankakhala kufupi ndi malire amene ankayang'anira. N'chifukwa chake mabwinja a nyumba zachifumu za nyengo imeneyi amapezeka ku Trier, Milan, Thessaloniki ndi Sremska Mitrovica.

Pa 1 Meyi 305 Diocletian anatula pansi udindo mwa kufuna kwake, chinthu chimene mafumu a Aroma sankachita. Nyumba ya ku Split, imene inayamba kumangidwa cha m'ma 295, inali yoti akapumiremo kwawo. Mu 308 anzake atakumana naye ku Carnuntum anamuchonderera kuti abwerere pampando. Olemba mbiri akale amati anakana, n'kuwauza kuti akanaona ndiwo zamasamba zimene analima ndi manja ake sakanabwera ndi pempho lotere.

Akhristu amamukumbukira pa chifukwa china. Mu Febuluwale 303 analamula chizunzo chachikulu kuposa zonse zimene mpingo unakumana nazo mu ufumu wa Aroma. Ku Egypt chinafika poipa kwambiri, moti mpingo wa Coptic mpaka lero umawerenga zaka zake kuyambira 284, chaka chimene iye analowa ufumu, ndipo umazitchula kuti zaka za ofera chikhulupiriro.

Inali yaikulu bwanji, ndipo mkati munagawidwa motani?

Makoma akummawa ndi akumadzulo ndi otalika pafupifupi mamita 215, pamene akumpoto ndi akummwera ali pakati pa mamita 175 ndi 181. Malo onse ndi mahekitala opitirira atatu, ngati mabwalo a mpira anayi kapena asanu. Makoma ndi okhuthala pafupifupi mamita awiri, ndipo mbali ya kunyanja amatalika kupitirira mamita 20. Panali nsanja 16: zinayi m'ngodya, ziwiriziwiri pa zipata zitatu za kumtunda, ndi zina pakati. Za m'ngodya zitatu zikadalipo. Ya kummwera chakumadzulo ndiyo inatha.

Kamangidwe kake kanatengera msasa wa asilikali. Misewu iwiri ikuluikulu inkadutsana pakati, wina kuchokera kumpoto, wina kuchokera kummawa kupita kumadzulo. Theka la kumpoto linali la asilikali, antchito ndi nkhokwe. Theka la kummwera linali la mfumu: manda ake, akachisi, malo osambira, ndipo kumapeto kwenikweni, moyang'ana nyanja, zipinda zake zogona ndi zolandirira alendo. Khoma la kunyanja linalibe nsanja zapakati. M'mwamba mwake munali khonde lalitali la mawindo 42 opindika pamwamba, ndipo ambiri mwa iwo mungawaone mutaima pa msewu wa m'mbali mwa nyanja wotchedwa Riva n'kukweza maso pamwamba pa madenga a malo omwera khofi.

Zipata zinayi zili ndi mayina amene anaperekedwa patapita zaka mazana ambiri, ndipo ndi amene mudzaone pa zikwangwani. Kumpoto kuli Chipata cha Golide, Zlatna vrata, chomwe chinali chachikulu chifukwa msewu wa ku Salona unkafikira pamenepo. Kummawa kuli cha Siliva, Srebrna vrata. Kumadzulo kuli cha Chitsulo, Željezna vrata. Kummwera kuli cha Mkuwa, Mjedena vrata, kakhomo kakang'ono kopanda zokongoletsa kamene kankatulukira kunyanja.

Miyala inachokera kuti, ndipo anaimanga bwanji kuti isagwe?

Mwala woyera wa laimu umene uli m'makoma unakumbidwa pa chilumba cha Brač, chomwe chimaoneka mutaima padoko, komanso ku Seget kufupi ndi Trogir. Malo onsewa ali m'mbali mwa nyanja, ndipo zimenezi zinathandiza kwambiri, chifukwa kunyamula mwala wa matani angapo pa ngalawa kunali kosavuta poyerekeza ndi kuukoka pa ngolo. Njerwa zinawotchedwa kufupi, m'dera la Salona. Mizati ya mwala wofiira wa granite inachokera ku Egypt, ndipo miyala ina yosalala yokongoletsera inachokera ku zilumba za kummawa.

Makoma akunja anamangidwa ndi miyala ikuluikulu yosemedwa bwino, yokhazikidwa pa inzake popanda matope ooneka. Kulemera kwake ndiko kumaigwira. Pofuna kuti isasunthe, amisiri ankaboola timaenje pa miyala iwiri yoyandikana, n'kulowetsamo chitsulo chopinda mbali zonse, kenako n'kuthiramo mtovu wosungunula. Mtovuwo unkatseka mpweya ndi madzi kuti chitsulo chisachite dzimbiri, komanso poti ndi wofewa, unkalola khoma kugwedezeka pang'ono osang'ambika. Mukaona mabowo okumbidwa mwadala pamene miyala ikukumana, dziwani kuti anthu a m'zaka zapambuyo pake ankasakasaka chitsulo ndi mtovu umenewu.

Makoma amkati ndi ena. Ali ndi mizere ya miyala ing'onoing'ono yosinthana ndi mizere ya njerwa zopyapyala, zonse zomangidwa ndi matope okhuthala a laimu. Njerwazo zinkawongola mzere ndi kumanga khoma pamodzi. Pa madenga opindika ankagwiritsa ntchito njerwa ndi mwala wopepuka wa timabowo kuti denga lisakankhe makoma.

Pa miyala yambiri pali zilembo za Chigiriki zimene osema ankaika ngati chizindikiro cha ntchito yawo, ndipo mayina awiri, Zotikos ndi Filotas, anapezeka atalembedwa pa miyala. Izi zikusonyeza kuti amisiri ambiri anachokera kummawa kwa ufumuwo.

Nanga chiboliboli cha ku Egypt chikutani ku Croatia?

Diocletian anali ku Egypt mu 297 ndi 298 kukathetsa kuukira, ndipo kuchokera kumeneko kunabwera ziboliboli zingapo za sphinx, za thupi la mkango ndi mutu wa munthu. Chimene chasungika bwino ndi cha mwala wakuda, chogona pa bwalo lalikulu la mkati mwa nyumbayi pafupi ndi khomo la tchalitchi chachikulu. Chili ndi zaka pafupifupi 3,500, kutanthauza kuti chinali kale chinthu chamakedzana pamene nyumbayi inkamangidwa. China, chodulidwa mutu, chili pakhomo la kachisi wa Jupiter, mulungu wamkulu wa Aroma. Zidutswa za zina zili m'nyumba zosungiramo zakale.

Zinatheka bwanji kuti nyumba ya mfumu isanduke mzinda?

Diocletian atamwalira, nyumbayi inakhalabe katundu wa boma. Kaundula wa maudindo a ufumu wa Aroma wa cha m'ma 400 amatchula malo owombera nsalu a boma amene anali kuno, ndipo akatswiri ena amaganiza kuti ntchitoyi inkachitikira m'theka la kumpoto.

Kusintha kwenikweni kunabwera m'zaka za m'ma 600, pamene mitundu ya Avar ndi Slav inalowa mu Dalmatia ndipo Salona, mzinda wa anthu zikwi makumi angapo, unasiyidwa. Toma Arhiđakon, mtsogoleri wa mpingo wa ku Split amene analemba mbiri ya mzindawu m'zaka za m'ma 1200, akufotokoza kuti anthu anayamba athawira ku zilumba, kenako anabwerera n'kudzabisala mkati mwa makoma a nyumba yachifumu. Olemera anatenga zipinda za mfumu ndi nsanja, osauka anadzaza malo otsala.

Kuyambira pamenepo aliyense ankamanga ndi chimene wapeza. Mipata ya pakati pa mizati inatsekedwa n'kukhala makoma a nyumba. Misewu ikuluikulu ija inapanikizika mpaka kusanduka tinjira. Kanjira ka alonda kodutsa mkati mwa khoma pamwamba pa Chipata cha Golide kanasanduka tchalitchi cha Sveti Martin, chomwe m'lifupi mwake sichifika mamita awiri. Pofika zaka za m'ma 1200 ndi 1300 malo anachepa, ndipo mzinda unasefukira kumadzulo, kunja kwa Chipata cha Chitsulo, kumene kuli bwalo la Pjaca. Kuyambira 1420 mpaka 1797 Split inali pansi pa Venice, ndipo nyumba za mabanja olemera, monga ya Papalić momwe muli nyumba yosungiramo zakale za mzindawu, ndi za nyengo imeneyo.

Nyumba zachifumu za ku Milan ndi Thessaloniki lero zatsala maziko ndi makoma afupiafupi pakati pa nyumba zamakono. Ku Split makoma anasungika chifukwa anali chitetezo cha anthu okhala mkati. Munthu sagumula khoma limene latsamira denga lake.

N'zoona kuti manda a Diocletian ndi tchalitchi?

N'zoona. Manda ake ali kummawa kwa bwalo lalikulu lotchedwa Peristil. Kunja ndi nyumba ya mbali zisanu ndi zitatu yozunguliridwa ndi khonde limene linali ndi mizati 24, mkati ndi yozungulira. M'zaka za m'ma 600 othawa kwawo aja anachotsamo bokosi la mfumu ndi mafano, n'kuisandutsa tchalitchi cha bishopu. Mtembo wa Diocletian sunapezekenso. Tchalitchicho chinaperekedwa kwa Maria, koma aliyense amachitchula ndi dzina la Sveti Duje, kapena kuti Domnius, bishopu wa ku Salona amene anaphedwa mu 304 pa chizunzo cha Diocletian yemweyo. Mafupa ake ndi a Anastasius, amenenso anafera chikhulupiriro pa nthawi yomweyo, amalemekezedwa mkatimu.

Mukalowa, yambani mwayang'ana m'mwamba. Mizati isanu ndi itatu ikuluikulu ili pansi, ina isanu ndi itatu ing'onoing'ono pamwamba pake. Pansi pa denga pali mzere wa zosema zosonyeza ulenje ndi ngolo zothamanga, ndipo pakati pake pali nkhope ziwiri zimene akatswiri amati ndi Diocletian ndi mkazi wake Prisca. Denga lobulungira ndi la Aroma lenileni. Njerwa zake zinayalidwa m'timagulu topindika tosanjikizana, gulu lililonse likutsamira anzake awiri apansi, ndipo njira imeneyi inachepetsa matabwa ochirikiza pomanga.

Zitseko zamatabwa zinasemedwa ndi Andrija Buvina mu 1214, ndipo zili ndi zithunzi 28 za moyo wa Yesu, 14 pa chitseko chilichonse. Anthu ambiri amazidutsa pothamangira mkati, koma zitseko zamatabwa za msinkhu umenewu zatsala zochepa kwambiri mu Europe. Guwa la Domnius ndi ntchito ya Bonino da Milano ya mu 1427, ndipo la Anastasius ndi la Juraj Dalmatinac la mu 1448. M'zaka za m'ma 1600 anaboola khoma lakummawa kuti awonjezere malo a kwaya.

Nsanja ya belu si ya Aroma. Inamangidwa pakati pa zaka za m'ma 1200 ndi 1500, ndi yotalika mamita 57, ndipo inakonzedwanso kwambiri pakati pa 1890 ndi 1908, moti miyala yake yambiri ndi ya nthawi imeneyo.

Kachisi wa Jupiter ali kuti?

Kumadzulo kwa Peristil, kumapeto kwa kanjira koyang'anizana ndi khomo la tchalitchi. Ndi kanyumba kakang'ono kamene kanasanduka malo obatizira, ndipo n'chifukwa chake kanasungika. Denga lake lamiyala lopindika, logawidwa m'timabokosi tosemedwa maluwa ndi nkhope, lili monga analisiyira Aroma. Mkati muli dziwe lobatizira lopangidwa ndi miyala yosema ya m'zaka za m'ma 1000, umodzi wosonyeza mfumu ili pampando, ndi chiboliboli cha Yohane Mbatizi chopangidwa ndi Ivan Meštrović, wosema ziboliboli wa ku Croatia. Pambali pake pali kanjira kopapatiza kotchedwa Pusti me proć, kodutsa munthu mmodzi pa nthawi.

Zipinda zapansi zinali za chiyani? Zinali ndende?

Sizinali ndende. Malo amene nyumbayi inamangidwapo ndi otsetsereka kulowera kunyanja. Kuti zipinda za mfumu zikhale pa mulingo umodzi ndi mbali ya kumpoto, komanso kuti zitalikire chinyezi, amisiri anamanga kaye zipinda zapansi zochirikiza. Khoma lililonse lapamwamba linkafuna khoma lolinyamula pansi pake, choncho zipinda zapansi zinatengera ndendende maonekedwe a zapamwamba.

Apa ndi pamene pali phindu lake. Zipinda za mfumu zinagumulidwa n'kumangidwanso kambirimbiri mpaka kutsala pang'ono chabe, koma mukayenda pansi mukuyenda m'mapulani ake. Chipinda chachikulu cha mizati ikuluikulu kumadzulo chili pansi pa holo yolandirira alendo. Kummawa kuli zipinda zimene zinkanyamula malo odyera.

Anthu a m'nyumba zapamwamba anaboola pansi n'kumatayiramo zinyalala, zogumuka ndi zonyansa za m'zimbudzi kwa zaka mazana ambiri mpaka zipinda zambiri zinadzaza. Mulu umenewo ndi umene unateteza makoma kuti asakumbidwe miyala. Vicko Andrić, katswiri wa zomangamanga wa mumzindawu, anayamba kufukula m'zaka za m'ma 1850. Ntchito yaikulu inachitika kuyambira m'ma 1950, mbali ya kumadzulo n'kutsegulidwa kumapeto kwa zaka zimenezo, ya kummawa m'ma 1990. Mukalowa, fufuzani mabowo a m'denga amene zinyalala zinkadutsira, milu imene anaisiya dala kuti muone mmene munadzazira, ndi zotsala za choponderamo mphesa kapena maolivi cha anthu amene anagwiritsa ntchito zipinda zina zisanadzaze.

Madzi ankawatenga kuti?

Ku kasupe wa mtsinje wa Jadro, kufupi ndi Salona, kudzera mu ngalande yotalika makilomita 9. Pa mtunda wonsewo ngalandeyo imatsika mamita 13 okha, pafupifupi mita imodzi ndi theka pa kilomita. Kutsetsereka kukachuluka madzi amathamanga n'kukokolola pulasitala, kukachepa amaima n'kusiya matope. Mbali ina inadutsa pansi pa nthaka, ina pa milatho ya miyala, ndipo mlatho wosungika bwino uli ku Dujmovača, m'mbali mwa msewu wa ku Solin, tauni imene ili pamene panali Salona. Ngalandeyi inakhala yakufa zaka mazana ambiri, kenako inakonzedwa pakati pa 1877 ndi 1880 pamene Antonio Bajamonti anali meya. Mpaka lero Split imamwa madzi a Jadro, ndipo madzi a pampopi ndi abwino kumwa.

Ndingasiyanitse bwanji za Aroma ndi zomangidwa pambuyo pake?

Yang'anani kukula kwa mwala. Miyala ikuluikulu, yofanana msinkhu, yogundana popanda matope, ndi ya Aroma. Njerwa zazitali zopyapyala zokhala ndi matope okhuthala pafupifupi ngati njerwayo ndi za Aromanso. Miyala ing'onoing'ono yosafanana, nyumba zopapatiza zosanjikiza katatu, masitepe akunja ndi timawindo tozungulira pamwamba, zimenezo ndi za m'ma 1200. Mawindo osongoka pamwamba okhala ndi timizati pakati ndi a m'ma 1400, nthawi ya Venice.

Chimene chimasokoneza ndi miyala yogwiritsidwanso ntchito. Mutha kuona mutu wa mzati wa Aroma uli pakhoma la nyumba ya m'ma 1300, kapena mwala wa pamanda wa ku Salona uli chafufumimba pamwamba pa khomo. Mwalawo ndi wakale, khomalo ayi. Ndipo mwala woyera mbee wa m'mphepete mwakuthwa pakati pa inzake yoperepeseka ndi chigamba cha okonza amakono.

Malo abwino ophunzirira ndi Peristil. Bwaloli ndi la mamita pafupifupi 27 m'litali ndi 13 m'lifupi. Kummawa mizati ili poyera monga kale, pamene kumadzulo mizati yomweyo inalowa m'makoma a nyumba za mabanja olemera. Kummwera kuli khonde la mizati inayi pamene mfumu inkaonekera kwa anthu, ndipo m'mbali mwake munalowetsedwa timatchalitchi tiwiri. Kuseri kwake kuli Vestibul, chipinda chozungulira chimene denga lake linagwa, momwe magulu oimba nyimbo za klapa amakonda kuimbira chifukwa mawu amamveka bwino.

Bwanji osagumula nyumba zapambuyozi kuti nyumba yachifumu ioneke yonse?

Maganizo amenewa analipo. Robert Adam, katswiri wa zomangamanga wa ku Scotland, atayeza nyumbayi mu 1757 n'kutulutsa buku la zojambula mu 1764, anthu ophunzira a ku Europe anayamba kuiona ngati chuma chobisika pansi pa zisakasa. M'zaka za m'ma 1800 nyumba zingapo zozungulira tchalitchi zinagwetsedwa. Mu 1903 Alois Riegl, katswiri woteteza zakale wa ku Vienna, analemba lipoti lotsutsa mchitidwewu, ponena kuti zomanga za m'zaka zapakati nazonso ndi chuma choyenera kutetezedwa. Kugumula sikunatheretu pomwepo. Chipata cha Siliva, chimene chinali chotsekedwa, chinatsegulidwa kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1950 atachotsa tchalitchi chimene chinawonongeka pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse.

Ife tikuona kuti Riegl ankanena zoona, ndipo palinso chifukwa cha umisiri. M'malo ambiri khoma la Aroma ndi nyumba yapambuyo zimatsamirana. Kuchotsa chimodzi kumasiya chinzake chopanda chochirikiza, komanso kumavundukulira mvula mwala umene wakhala wofunditsidwa zaka 800.

Chimawononga miyalayi n'chiyani, ndipo amaikonza bwanji?

Choyamba ndi chikhungwa chakuda. Utsi wa mafakitale, magalimoto ndi sitima uli ndi sulufule, ndipo ukakumana ndi chinyezi pa mwala wa laimu umasandutsa khungu la mwalawo kukhala chinthu chofewa chimene chimagwira mwaye. Pamalo pamene mvula imatsuka sichikhalitsa. Chimaunjikana m'malo obisika, pansi pa mitu ya mizati ndi m'mizere ya zosema, ndipo chikamatuka chimatenga ndi zosemazo. Pa ntchito yaikulu yokonza Peristil imene inayamba m'zaka za m'ma 2000, okonza anagwiritsa ntchito makina a laser, amene amapsereza chakudacho pang'onopang'ono n'kusiya mwala woyera. Kupopera mchenga kapena kukwecha ndi bulashi yachitsulo kumafulumira, koma kumachotsa ndi zizindikiro za chisemulo cha mmisiri wakale.

Chachiwiri ndi mchere. Umachokera ku mphepo ya kunyanja ndi ku chinyezi chokwera kuchokera pansi. Madzi akauma, mcherewo umatsalira m'timabowo ta mwala, umakula, n'kuufumbutsa. Pouchotsa amamata pamwalapo phala la mapepala onyowetsedwa ndi madzi opanda mchere, kulisiya liume kuti likoke mcherewo, n'kulimatula. Amabwereza kangapo, akuyeza mchere wotuluka ulendo uliwonse.

Chachitatu chinabwera ndi okonza akale. Ena anaika zitsulo popanda kuzikuta bwino ndi mtovu. Chitsulo chikachita dzimbiri chimatupa ndipo chimang'amba mwala kuchokera mkati. Ena anamata ming'alu ndi simenti, imene ndi yolimba kuposa mwala wa laimu ndipo silola chinyezi kutuluka, choncho madzi amatulukira m'mwala wa m'mbali mwake n'kuuwononga. Masiku ano amachotsa zonsezi n'kuikamo chitsulo chosachita dzimbiri ndi matope a laimu.

Palinso zitosi za nkhunda, mizu ya zomera zomera m'ming'alu, mipope yodontha, ndi mabowo oboolera mawaya ndi makina oziziritsa m'nyumba. Mwini nyumba aliyense mkatimu amayenera kupeza chilolezo ku ofesi ya boma yoteteza zakale asanasinthe zenera, denga kapena khoma.

Kodi pali cholipira?

Misewu, zipata zinayi, Peristil, Vestibul ndi njira yapakati ya zipinda zapansi yochokera ku Riva ndi zaulere. Mumalipira polowa m'mbali ziwiri za zipinda zapansi, m'tchalitchi chachikulu, m'chipinda chake chapansi, mosungira chuma cha mpingo, mu kachisi wa Jupiter ndi pokwera nsanja. Malo a mpingo ali ndi tikiti yophatikiza, pamene ya zipinda zapansi ndi yapadera. Ndalama yake ndi euro, imene Croatia inayamba kugwiritsa ntchito pa 1 Januwale 2023.

Ndiyambire pati, ndipo ndipatule nthawi yochuluka bwanji?

Maola atatu amakwana kuona zikuluzikulu. Yambirani panja pa Chipata cha Golide, pafupi ndi chiboliboli chachikulu cha bishopu Grgur Ninski, chimene Meštrović anachiimika pa Peristil mu 1929, chinachotsedwa ndi asilikali a Italy mu 1941, n'kudzaimikidwa pano mu 1954. Pachipatapo onani mizere ya m'mbali momwe munkatsetserekera chitseko chotsika kuchokera m'mwamba, ndi kabwalo kamkati kamene kankatsekera mdani pakati pa zitseko ziwiri. Tsatirani msewu wa Dioklecijanova mpaka pa Peristil. Imeneyi ndi njira imene mlendo wa mfumu ankadutsa, ndipo mukaitsata mumaona mmene omanga anakonzera kuti maso anu akathere pa khonde la mfumu. Lowani m'tchalitchi ndi mu kachisi, tsikirani ku zipinda zapansi, mutulukire ku Riva, kenako muzungulire panja kummawa kudzera pamsika wa Pazar, pamene khoma lalitali limaoneka bwino kwambiri.

Mu Julayi ndi Ogasiti kumatentha kupitirira madigiri 30 ndipo magulu otsika m'sitima zikuluzikulu amadzaza tinjira kuyambira m'mawa mpaka masana. Fikani isanakwane 8 koloko. Meyi, Juni, Seputembala ndi Okutobala ndi miyezi yabwinoko. Pa 7 Meyi ndi chikondwerero cha Sveti Duje, tsiku lalikulu la mzindawu.

Alendo amalakwitsa chiyani kawirikawiri?

Miyala yapansi inasalala ndi mapazi a anthu ndipo ikanyowa imaterera kwambiri, choncho valani nsapato za mphira. Galimoto sizilowa mkati, ndiye ngati mwapeza malo ogona momwemo, konzekerani kunyamula chikwama pa masitepe. M'tchalitchi muvale zophimba mapewa ndi mawondo, ndipo pa nthawi ya Misa alendo oona malo saloledwa kuyendayenda. Masitepe a nsanja ndi opapatiza ndipo m'mwamba mbali zake ndi zotseguka, moti amene amachita chizungulire angachite bwino osakwera. Musakwere pa sphinx kapena kukanda dzina pakhoma. Khonsolo ya mzinda imalipiritsa chindapusa anthu oyenda opanda malaya kapena omwa mowa m'misewu ya mzinda wakale.

Wokhala ndi pasipoti ya Malawi, Zambia, Mozambique, Zimbabwe kapena South Africa akufunika chiyani?

Viza ya Schengen, gulu la mayiko a ku Europe ogwiritsa ntchito viza imodzi, popeza Croatia inalowa m'gululi pa 1 Januwale 2023. Izi zikukhudzanso amene amakhala ku Britain koma akugwiritsabe ntchito pasipoti ya kwawo. Mumapempha ku dziko limene mukakhalitse masiku ambiri pa ulendowo, kuyambira miyezi 6 ulendo usanafike, ndipo osachedwa kupitirira masiku 15 tsiku lonyamuka lisanakwane. Pamafunika inshuwalansi ya chipatala ya ndalama zosachepera 30,000 euro, umboni wa malo ogona ndi wa ndalama, ndi pasipoti yokhala ndi masamba awiri opanda kanthu imene idzakhalebe yamoyo miyezi itatu mutatuluka. Croatia ili ndi ofesi ya kazembe ku Pretoria. Bwalo la ndege la Split lili ku Kaštela, pa mtunda wa makilomita opitirira 20, ndipo pali mabasi opita mumzinda.

Kodi mkatimo mukukhalabe anthu?

Akukhalamo, koma akuchepa chaka ndi chaka. Nyumba zambiri zasanduka zipinda zogona alendo, ndipo masitolo a zofunika za tsiku ndi tsiku alowedwa m'malo ndi malo odyera ndi ogulitsa zikumbutso. Phokoso la usiku ndi kukwera mtengo kwa nyumba zimathamangitsa mabanja. Ife timaiona nkhaniyi ngati yoopsa kuposa mchere ndi utsi. Wokhalamo chaka chonse ndi amene amaona msanga kuti denga layamba kudontha kapena kuti mng'alu wakula, pamene nyumba ya alendo imatsekedwa miyezi yozizira popanda woiyang'ana. Mukamayenda mkatimu kumbukirani kuti zitseko zimene mukujambulazo ndi makomo a anthu, ndipo usiku tsitsani mawu.

Ndikamaliza, kuli koyenera kupita ku Salona?

Inde, ngati muli ndi theka la tsiku. Mabwinja ake ali ku Solin, makilomita ochepa kumpoto chakummawa, ndipo mabasi a mumzinda amafikako. Kuli bwalo la masewera limene linagumulidwa ndi a Venice m'zaka za m'ma 1600 poopa kuti asilikali a ufumu wa Ottoman wa ku Turkey angabisalemo, makoma a mzinda, maziko a matchalitchi oyambirira, ndi manda a Manastirine kumene Domnius anaikidwa poyamba. Wansembe Frane Bulić anatha zaka zambiri akufukula malowa, ndipo nyumba imene anamanga kumeneko, Tusculum, ikadalipo. Mthunzi ndi wochepa, choncho tengani madzi ndi chipewa. Zambiri zofukulidwa ku Salona zili ku nyumba yosungiramo zakale ya Arheološki muzej mu Split, imene inakhazikitsidwa mu 1820, pa mtunda woyenda wapansi mphindi 15 kuchokera ku Chipata cha Golide.